"Ndili Ndekha": Mawu a Kusungulumwa pa Mapologalamu Oimba Foni

Pa mapologalamu a pa TV omwe anthu amaimba foni, monga a pa MBC, Zodiak kapena Times, munthu akati "ndili ndekha", woulutsa amafulumira kufunsa za banja. Koma mawuwa amatanthauza zinthu zingapo, ndipo kuwamva molakwika kumachititsa kuti malangizo aphonye.

Tsinde la -kha (ndekha, wekha, yekha, tokha) limangowerenga anthu, silinena za mumtima. Mlimi amene akusoka fodya m'chigafa ali yekha, koma mwina sakudandaula. Kusungulumwa ndiye ululu wosowa wocheza naye, ndipo kumagwira munthu ngakhale pa chikhamu cha ku okushoni ya Chinkhoma.

Kupukwa kuli ndi kolozera: umapukwa kwanu kapena munthu wakutiwakuti. Ku Kasungu mawuwa ali ndi mbiri. Kwa zaka zambiri maesiteti a fodya ankadalira matenanti ochokera kummwera, monga ku Mulanje, Thyolo ndi Phalombe, mpaka lamulo la ntchito litasinthidwa mu 2021 n'kuletsa utenanti. Munthu wotere ankakhala nyengo yonse kutali ndi abale komanso manda a makolo ake. Kumpoto kwa bomali, komwe kumalankhulidwa Chitumbuka, mudzamva dzina lakuti phukwa, lomwe ndi m'bale wake wa mneniyu.

Kusalidwa n'kwina. Kachidutswa ka -idw- kakutiuza kuti alipo amene akuchita: kusala, kusalidwa. Wosalidwa sanasowe anthu ayi, anthuwo ndiwo amutaya, kaya chifukwa cha matenda, ngongole kapena kumuganizira ufiti. Kumuuza kuti "kachezeni ndi anzanu" n'kumutumiza kwa omwe akumupewawo.

Onaninso mwambi uja: kalikokha n'kanyama, tili tiwiri n'tianthu. Wokhala yekha waikidwa m'gulu la ka-, lochepsa, n'kutchedwa nyama. N'chifukwa chake kuvomera kusungulumwa pa TV, mudzi wonse ukumva, kumachititsa manyazi. Ena amazungulira: "Ndimangokhala basi," "Maganizo andichulukira," kapena kutchula mndandanda wautali wa anthu oti alandire moni.

Nthawi ina mukamaonera pologalamu yotere, tengani kope. Lembani mneni amene woimbayo wasankha, kenako yankho la woulutsa, muone ngati awiriwa akunena chinthu chimodzi. Funso lakuti "Kodi alipo amene mumacheza naye?" limatsegula zambiri kuposa lakuti "Muli pabanja?"