Anachoka chimanjamanja kwa Mponda, koma Mangochi inadzabala arkiepiskopi

Funsani Akatolika a kuno kummwera kuti mpingo wawo unayambira pati m'dziko muno, ambiri akuyankhani kuti ku Nzama, m'boma la Ntcheu, mu 1901. Sakunama ayi. Kumeneko n'kumene mpingo unamera mizu. Koma mbewu yoyamba inagwera kwina, pafupifupi zaka 12 m'mbuyo mwake, ndipo sinamere. Inagwera kwa Mponda, pamene mtsinje wa Shire umatulukira m'nyanja ya Malawi, pafupi ndi tauni imene lero tikuitcha Mangochi.

Kumapeto kwa Disembala 1889, ansembe atatu a chipani cha White Fathers, Adolphe Lechaptois, Valentin Heurtebise ndi Joseph Mercui, pamodzi ndi bulazala mmodzi, anafika pamudzi wa mfumu Mponda. Anawatuma ndi Kadinala Charles Lavigerie wa ku Algiers, amene anayambitsa chipanichi. Vuto linali loti anabwera pamsana pa Apwitikizi. Nthawi imeneyo Apwitikizi ndi Angerezi ankalimbirana dziko lino ngati agalu pa fupa, ndipo boma la ku Lisbon linkaona kuti mishoni kumwera kwa nyanja ithandiza kusonyeza kuti derali ndi lawo. Ansembewo asanathe n'komwe mwezi pamalopo, mu Januwale 1890, Angerezi anaopseza Apwitikizi kuti achoke m'dera la Shire, iwo n'kugonja. Abambo aja anatsala okha ngati ana amasiye.

Mponda naye sanali munthu woti ungamupusitse ndi mikanda. Mudzi wake unali pa njira ya malonda a minyanga ndi akapolo yopita kugombe la nyanja ya mchere, ndipo Chisilamu chinali chitakhazikika kale pabwalo pake. Alendo achizungu iye ankawayeza ndi zimene angamuthandize pa nkhondo zake ndi mafumu anzake. Ansembewo anatsegula kasukulu, ankapereka mankhwala kwa odwala, nawonso malungo akuwasautsa. Mu Juni 1891 analongedza katundu n'kulowera kumpoto, mpaka anakakhazikika ku Mambwe, m'dziko limene lero ndi Zambia. Sanasiye mpingo kwa Mponda. Patangopita miyezi yochepa Harry Johnston anabwera ndi asilikali, n'kumanga linga limene linapatsa tauniyi dzina lake lakale, Fort Johnston.

Ine nkhani imeneyi imandisangalatsa kuposa ya ku Nzama, ndipo chifukwa chake ndi ichi: munthu amene akutsogolera Arkidayosizi ya Blantyre lero anabadwira m'boma lomweli la Mangochi, m'banja la Chisilamu. Koma tisanafike kwa iye, tiyambe tamvetsetsa kuti Blantyre ikulowa bwanji m'nkhani ya kunyanja.

Amene anafika ku Nzama mu 1901 anali ansembe a chipani china, cha Montfort. Ntchito yawo itakula, mu 1903 Roma anawapatsa dera lonse la kummwera, n'kulitcha Shire. Episkopi woyamba, Auguste Prezeau, sanakhalitse, anamwalira mu 1909. Wotsatira wake, Louis Auneau, analamulira pafupifupi zaka 40. Dera lalikululi linayamba kudulidwa pang'onopang'ono. Zomba inaima payokha mu 1952. Mu 1959 Blantyre inakwezedwa kukhala arkidayosizi, John Baptist Theunissen wa ku Holland n'kukhala arkiepiskopi woyamba. Mu 1967 mpando unapita kwa James Chiona, Mmalawi woyamba kuukhalapo. Kenaka pa 29 Meyi 1969 dera la Fort Johnston linachotsedwa ku Zomba, ndipo pa 17 Seputembala 1973 linakhala Dayosizi ya Mangochi. Mwachidule, Mangochi ndi mwana wa Zomba, mdzukulu wa Blantyre.

Apa pali chinthu chimene ambiri timasokoneza, makamaka tikamakangana m'magulu a pa WhatsApp. Arkiepiskopi si bwana wa maepiskopi anzake monga mmene nduna imakhalira ndi ma DC. M'Malawi muli madayosizi asanu ndi atatu, m'zigawo ziwiri. Chigawo cha Blantyre chili ndi Blantyre, Chikwawa, Zomba ndi Mangochi. Cha Lilongwe, chimene chinakhazikitsidwa mu 2011, chili ndi Lilongwe, Dedza, Mzuzu ndi Karonga. Arkiepiskopi ndi mkulu pakati pa abale, amawasonkhanitsa, amayang'anira kuti zinthu zisasokonekere, koma sangasamutse wansembe wa ku Namwera kapena ku Nankhwali. Episkopi aliyense amayankha kwa Papa.

Amene anaumba Dayosizi ya Mangochi ndi Ambuye Alessandro Assolari, Mtaliyana wa chipani cha Montfort. Anayamba kutsogolera mu 1969 n'kudzapuma mu 2004. Zaka 35. Tangoganizani, munthu anabadwa, n'kukwatira, n'kubereka ana, episkopi ali yemweyo. Dayosizi imene anapatsidwa siili m'mbali mwa nyanja mokha. Imafika ku Balaka ndi mbali ina ya Machinga, ndipo m'madera ambiri Akatolika ndi ochepa pakati pa Asilamu ambiri. Mpingo wotere sungayende ndi matama. Chimene chinaupatsa malo m'midzi ndi zomwe zija anayamba nazo abambo a kwa Mponda, sukulu ndi chipatala, kumene mwana wa shehe ndi mwana wa katekisiti amakhala pa benchi imodzi.

Koma chimene ndikufuna achinyamata anzanga tichidziwe kwambiri chinachitika mu 1992, ambiri a ife tisanabadwe. Pa 8 Malichi chaka chimenecho, Lamulungu loyamba la Lenti, m'matchalitchi onse a Katolika munawerengedwa kalata ya maepiskopi yotchedwa Living Our Faith. Inakamba za malipiro ochepa a anthu apantchito, kusiyana kwa olemera ndi osauka, mavuto a m'sukulu ndi m'zipatala, kutsekera anthu popanda kuwazenga mlandu, ndiponso mantha amene ankatseka anthu pakamwa. Lero zimenezi aliyense amazilemba pa Facebook asanadye n'komwe kadzutsa. Nthawi ya Kamuzu munthu ankasowa chifukwa cha mawu ochepa kuposa amenewa.

Ambuye Chiona a ku Blantyre ndi Ambuye Assolari a ku Mangochi onse anasainira kalatayo. Ndipo inasindikizidwa kuti? Ku Balaka, pa makina a ansembe a Montfort, m'Dayosizi ya Mangochi. Boma linakwiya koopsa. Maepiskopi anaitanidwa kupolisi ku Blantyre kukafunsidwa kwa maola ambiri, kalatayo inaletsedwa moti kupezeka nayo unali mlandu, ndipo nyumba yosindikizira ija ku Balaka inayatsidwa moto. Monsinyo John Roche, amene ankatsogolera Dayosizi ya Mzuzu, anathamangitsidwa m'dziko mwezi wotsatira. Koma mawu anali atatuluka kale. Ophunzira a ku Chancellor College anaguba, ogwira ntchito ananyanyala, ndipo pa 14 Juni 1993 Amalawi anavotera zipani zambiri. Tikamati kalata ija inasintha dziko, tizikumbukira kuti panali anthu ena ku Balaka amene anaisanja pa makina, kuipinda ndi kuinyamula mwakachetechete, akudziwa chimene chingawaonekere. Maina awo ambiri sali m'mabuku a sukulu.

Ntchito ya mawu imeneyi sinathere pomwepo. Ku Balaka kuli Montfort Media ndi Luntha TV, ndipo likulu la Radio Maria Malawi lili ku Mangochi. Amene tinakulira m'nyumba zimene agogo samalola kusintha wailesi nthawi ya korona, mawu aja ankachokera kunyanja.

Chaka cha 2005 chinali cha misozi ku Mangochi. Ambuye Assolari atapuma, Papa anasankha Luciano Nervi, nayenso Mtaliyana wa Montfort. Anadzozedwa kumayambiriro kwa 2005, n'kumwalira pa 8 Malichi chaka chomwecho, asanathe n'komwe miyezi iwiri pampando. Mwezi wotsatira Assolari naye anatsikira kuli chete. Dayosizi inakhala zaka ziwiri yopanda episkopi wakewake, mpaka mu 2007 pamene kunabwera Alessandro Pagani. Mu Disembala 2013 ndi pamene Mangochi inalandira episkopi wake woyamba wa Chimalawi, Ambuye Montfort Stima, amene anali wothandizira ku Blantyre kuyambira 2010. Dzina lisakupusitseni: maepiskopi atatu oyamba anali a chipani cha Montfort, pamene iwo Montfort ndi dzina chabe, ndi wansembe wa dayosizi. Zaka 40 kuchokera pamene dayosizi inakhazikitsidwa kufika pamene inatsogoleredwa ndi mwana wa dziko lino. Kwa ine zimenezi zinachedwa, poyerekeza ndi Blantyre imene inachita zimenezi mu 1967.

Masabata ochepa Stima asanasankhidwe, mu Novembala 2013, Papa Francis anali atasankha arkiepiskopi watsopano wa Blantyre kulowa m'malo mwa Ambuye Tarcisius Ziyaye, amene anasamukira ku Lilongwe. Ndiye zinachita ngati kusinthana: Blantyre inatumiza wansembe wake ku Mangochi, Mangochi n'kutumiza mwana wake ku Blantyre. Mwanayo ndi Ambuye Thomas Luke Msusa.

Anabadwa pa 2 Febuluwale 1962 m'mudzi wa Iba, m'banja la Chiyao, ndipo bambo awo anali mtsogoleri wa mapemphero mu mzikiti. Nkhani yawo anaifotokoza okha kwa atolankhani ku Rome mu 2015, pa msonkhano wa maepiskopi wokambirana za banja. Ali mwana anapita kukakhala ku parishi chifukwa chofuna sukulu, ndipo ali ndi zaka 12 anapempha ubatizo. Kumudzi sizinalandiridwe. Achibale anawakana, anakula akusamalidwa ndi mpingo. Anadzozedwa unsembe mu 1996 m'chipani cha Montfort, mu 2004 n'kukhala episkopi wa Zomba. Ndipo malinga ndi kufotokoza kwawo, bambo awo aja anadzabwera okha kudzapempha kulowa mpingo. Mwanayo sanathamangire madzi. Anawauza kuti ayambe aphunzira katekisimu ngati wina aliyense, ndipo anadzawabatiza mu 2006.

Nkhani imeneyi ena amaikamba ngati chigoli, ngati kuti timu ina yachinya inzake. Ine sindiiona choncho, ndipo ndikukayika ngati aliyense amene anakhalako ku Mangochi angaione choncho. Kumeneko kusintha chipembedzo si nkhani ya pa guwa. Ndi nkhani ya pa mkeka. Ndani adzadye ndi ndani pa Idi ndi pa Khirisimasi? Mwana akabadwa m'banja la mnyamata wa Chisilamu ndi mtsikana wa Chikatolika, dzina lake litchulidwa kuti? Maliro akagwa, thupi lisambitsidwa ndi ndani, liikidwa lero lomwe kapena tidikira abale a ku Joni? Mafunso amenewa amagawa mabanja, ndipo amapweteka mbali zonse ziwiri, chifukwa alipo Akhristu ambiri amene analowa Chisilamu makolo awo n'kulira chimodzimodzi. Chimene chimandigwira mtima pa nkhani ya Ambuye Msusa ndi zaka zimene zinadutsa pakati pa mwana wa zaka 12 wokanidwa ndi tsiku limene iye ndi bambo ake anakhalanso pamodzi. Zaka zoposa 30.

Ndipo musaganize kuti zonse zili myaa. Zaka zapitazi kunabuka mkangano waukulu m'chigawo chakummawa pa nkhani ya atsikana achisilamu kuvala hijabu m'sukulu za mipingo. Sukulu zina zinatsekedwa kwa kanthawi, ana n'kumakhala pakhomo akuluakulu akukokanakokana. Mipingo inkati sukulu ndi zathu, malamulo a yunifolomu ndi athu. Makolo achisilamu ankati ana ndi athu, ndipo aphunzitsi amalipidwa ndi misonkho ya tonse. Onse anali ndi mfundo. Zinatengera bungwe la Public Affairs Committee, limene linabadwa mu 1992 kutsatira kalata ija ndipo muli Akhristu ndi Asilamu omwe, kuti mbali ziwirizi zisainirane mgwirizano mu 2021 wolola hijabu yogwirizana ndi mtundu wa yunifolomu. Episkopi wa Mangochi amagwira ntchito pakati pa zinthu zotere tsiku ndi tsiku, zimene mnzake wa ku Dedza mwina amangozimva pa wailesi.

Lamulo la mpingo limati episkopi akakwanitsa zaka 75 alembe kalata kwa Papa yopempha kupuma. Ambuye Stima anabadwa mu 1957, ndiye nthawi yawo ikwana mu 2032. Ambuye Msusa, mu 2037. Olowa m'malo mwawo sitidzawavotera. Kazembe wa Papa amafunsa mwachinsinsi maepiskopi, ansembe ndi akhristu ena, n'kutumiza maina atatu ku Rome, Papa n'kusankhapo limodzi kapena kuwabweza onse. Amene amafunsidwa saloledwa kuuza munthu, ngakhale mwini dzinayo, moti wansembe amatha kumangoyendetsa njinga yamoto kupita kunthambi za parishi yake ku Katuli kapena ku Makanjira, osadziwa kuti dzina lake lili mu envulopu.