Theka la Theka Silingapose Theka

Ana ambiri a Giredi 7 m'makomboni monga Chawama ndi Kanyama amayesa kuti kuculukitsa kumakuza nambala nthawi zonse. Pa mafulakishoni si tero ai.

Taonani thumba la unga la makilogalamu 25. Amai akagawana pakati ndi mnansi wao, natenganso theka la gawo lao kukagulitsa pamsika, anyamula makilogalamu 6¼, pakuti ½ × ½ = ¼. Mwana wopeza yankho loposa 12½ walakwa, ndipo wamalonda wowerenga motero adzataya mpamba wake.

Nambala yocepera 1 imacepetsa inzake, pamene yoposa 1, monga 1½, imaikuza. Tsono makolo, mwana asanalembe yankho, yambani mwamfunsa kuti: kodi liyenera kukula kapena kucepa?