Funso n'lakuti "zingati?", koma za shuga wa m'botolo safunsa

DOMWE — Nyengo yokolola ikafika, chimanga chitalowa m'nkhokwe, mbatatesi zitapakiridwa m'malole ndipo alimi a fodya atalandira zawo, ena mwa malonda amene amayenda msanga pa misika ya kuno ndi a zakumwa zoziziritsa kukhosi. Ino ndiyo nyengo ya zinkhoswe, maukwati ndi ziliza, ndipo mwini zochitika amene sadaike kireti ya Fanta patsogolo pa alendo olemekezeka amakambidwa m'mudzi mpaka mvula kugwa.

Pa golosale kapena pa baraka, wogula amafunsa funso limodzi lokha: zingati? Akamva mtengo amayerekeza ndi wa botolo linalo, nasankha lomwe likugwirizana ndi thumba lake. Palibe cholakwika pamenepo, ndalama ya mlimi imabwera kamodzi pachaka ndipo imabwera ndi thukuta. Koma pali nambala ina imene siilembedwa pa chikatoni cha mitengo chopachikidwa pakhomo la golosale, ndiyo ya kuchuluka kwa shuga amene ali m'botolomo.

Anthu a ku Angónia ali ndi mwayi wosankha kuposa anzawo a madera ambiri chifukwa amadya za mbali ziwiri. Nthawi ya nkhondo mabanja ambiri a kuno adathawira ku Dedza ndi ku Ntcheu m'dziko la Malawi, ndipo pobwerera kwawo, mgwirizano wa mtendere utasainidwa ku Roma pa 4 Okutobala 1992, adabwera atazolowera Sobo, chakumwa chosungunula ndi madzi chomwe dzina lake lidachokera ku kampani ya Southern Bottlers. Mbali ya kuno nayo siidagone. Kampani ya Coca-Cola Sabco idayamba ntchito m'Mozambique mu 1994, nikhala ndi mafakitale kufupi ndi Maputo, ku Chimoio ndi ku Nampula, ndipo mu 2016 idatsegula ina yaikulu ku Matola Gare. Kenaka kudabwera Frozy ndi zakumwa zina za m'mabotolo a pulasitiki zomwe zidakopa anthu ndi mtengo wotsika. Onjezanipo timapaketi ta ufa wosungunula m'madzi ndi mafirizesi amene ana amayamwa pa chipata cha sukulu.

Mitengo ya zonsezi siikhazikika, makamaka ya katundu wodzera pa chipata cha Dedza kapena pa msika wa Lizulu. Ndalama ya kwacha idagwetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022 ndiponso ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, ndipo nthawi zonse zikatere mwini golosale amene amapikula mbali zonse ziwiri amayenera kukhala pansi n'kuwerengeranso kuti metikali yake igula zambiri kuti. Masamu a mtengo anthu a m'malire amawatha bwino. A shuga ndiwo sadazolowereke.

Masamuwo ndi awa. Coca-Cola wanthawi zonse, monga momwe amapangidwira m'maiko ambiri, amakhala ndi shuga wokwana magalamu 10.6 pa mamililita 100 aliwonse. Supuni yaing'ono ya tiyi imanyamula pafupifupi magalamu 4. Choncho botolo la galasi la mamililita 300, lija lobweza, lili ndi magalamu pafupifupi 32, omwe ndi masupuni 8. La mamililita 500 lili ndi magalamu 53, masupuni 13. Chibotolo cha malita awiri chili ndi magalamu 212, masupuni 53. Kireti ya mabotolo 24 a mamililita 300 ndi malita 7.2, ndipo shuga wake amaposa magalamu 760, kutanthauza kuti paketi ya kilogalamu imodzi itagawidwa panayi, magawo atatu athunthu alowa m'kiretimo.

Palibe mayi wa ku Domwe amene angalole mwana wake kuthira masupuni 8 a shuga m'kapu imodzi ya tiyi. Mwana wotere angalandire mbama, mwina osati chifukwa cha thanzi lake koma chifukwa chomaliza shuga wa sabata yonse. Koma mwana yemweyo akapatsidwa botolo pa tsiku la Khirisimasi amamwa masupuni omwewo anthu akumwetulira. Chimene chimabisa kutsekemeraku ndi mpweya uja wothetheka, kuzizira, ndi asidi amene amathiramo kuti chakumwa chiziwawasa pang'ono. Amene adamwapo Fanta wotentha, wotha mpweya, amadziwa mmene amatsekemerera mpaka kulowa m'mutu.

Mu 2015 bungwe loona za umoyo pa dziko lonse, la WHO, lomwe pa Chipwitikizi limatchedwa OMS, lidalangiza kuti shuga wochita kuthira m'zakudya ndi m'zakumwa asafike gawo limodzi mwa magawo khumi a mphamvu zonse zimene munthu amapeza m'chakudya patsiku. Kwa munthu wamkulu amenewa ndi magalamu pafupifupi 50, kapena masupuni 12. Bungweli lidaonjeza kuti kutsitsa mpaka theka lake, masupuni 6, n'kwabwino koposa. Apa zikuonekeratu kuti botolo limodzi la mamililita 500 lapyola kale malire a tsiku lonse, munthuyo asanamwe tiyi kapena phala lothira shuga. Kwa mwana, yemwe thupi lake limafuna chakudya chocheperapo, malirewo ndi otsikanso.

Msampha waukulu uli pa chibotolo chachikulu. Tiyerekeze kuti botolo la mamililita 300 likugulitsidwa mametikali 25 pomwe la malita awiri likugulitsidwa mametikali 100. Wanzeru aliyense aona kuti lalikulu ndilo lotchipa, chifukwa mamililita 100 akumugwera mametikali 5 m'malo mwa 8 ndi kanthu. Vuto limayamba chitsekerero chikatsegulidwa. M'nyumba yopanda firiji chakumwacho sichingagone, mawa chikhala chitatha mpweya, ndiye chiyenera kutha tsiku lomwelo. Banja la anthu anayi likagawana, aliyense wamwa mamililita 500, masupuni 13 aja. Likadagula timabotolo tinayi tating'ono likadalipira mametikali 100 omwewo, koma aliyense akadamwa masupuni 8. Ndalama yotuluka m'thumba ndi imodzimodzi, chimene chaonjezeka ndi shuga yekha. Chibotolo chachikulu chimapindulitsa pokhapokha pakhale anthu asanu ndi mmodzi kapena asanu ndi awiri ndi makapu ang'onoang'ono.

Ena amaganiza kuti chakumwa chotchipa ndicho chodzaza shuga, ena amati chodula ndicho chili ndi shuga "weniweni" choncho n'chabwino. Onse awiri akhoza kuphonya. Shuga ndi katundu wodula kwa mwini fakitale, kaya achokere ku Marromeu, Mafambisse, Xinavane, kapena ku Nchalo ndi ku Dwangwa m'Malawi. Pofuna kutsitsa mtengo, makampani ambiri amachepetsa shuga n'kuthiramo mankhwala otsekemeretsa. Aspartame ndi acesulfame K amatsekemera pafupifupi ka 200 kuposa shuga, sucralose pafupifupi ka 600, motero kadontho chabe kamagwira ntchito ya masupuni ambiri. N'chifukwa chake kapaketi kopepuka ngati tsamba kamatha kutsekemeretsa malita awiri a madzi. Chakumwa chotsika mtengo chikhoza kukhala ndi shuga wochepa kuposa chodula, chikhozanso kukhala ndi wambiri. Mtengo sunena kanthu.

Za mankhwala otsekemeretsawa pali mphekesera zambiri, ndipo zina n'zoopseza chabe. Mu Julaye 2023 nthambi ya WHO yofufuza za khansa idaika aspartame m'gulu la zinthu zimene mwina zingayambitse khansa, koma pa umboni wochepa, ndipo akatswiri ena a bungwe lomwelo adasiya malire ake pa mamiligalamu 40 pa kilogalamu iliyonse ya kulemera kwa munthu patsiku, omwe ndi mabotolo ambiri kuposa amene munthu wamba angamwe. M'mwezi wa Meyi chaka chomwecho WHO idanenanso kuti anthu asadalire zotsekemeretsazi ngati njira yochepetsera thupi. Kwa munthu wodwala shuga amene wafika pa ukwati, chakumwa chopanda shuga n'chabwino kuposa chinacho, koma si mankhwala.

Kupatula shuga, m'botolo mumakhalanso zina zofunika kuziyang'anira. Mu 2016 bungwe la Malawi Bureau of Standards lidaletsa kulowetsa Frozy m'dziko la Malawi ponena kuti asidi ndi mankhwala otetezera kuti chakumwa chisaonongeke zidapyola muyeso wa dzikolo. Pambuyo pake chiletsocho chidachotsedwa, koma ochita malonda a m'malire amakumbukira nyengo imeneyo.

Choona chenicheni chili pa chipepala chomata pa botolo, m'timalemba tating'ono tofuna maso akuthwa. Pa mabotolo a kuno mawu ofunika kuwasaka ndi "açúcares" ndi "por 100 ml", ndipo pa ochokera ku Malawi kapena ku South Africa mawu ake ndi "sugars". Nambala ili pamenepo ichulukitsidwe ndi kukula kwa botolo, ka 3 ngati lili la mamililita 300, ka 5 ngati lili la 500, kenaka igawidwe ndi 4 kuti masupuni adziwike. Pakalembedwa "edulcorantes" ndiye kuti muli zotsekemeretsa zija. Mwana wa sukulu wa kalasi yachisanu akhoza kuwawerengera agogo ake zimenezi ali chiimire pa kauntala. Chodandaulitsa n'chakuti mabotolo ambiri a galasi obweza sakhala ndi nambalazi, ndipo mafirizesi opangira kunyumba alibiretu cholembedwa chilichonse.

Dzina lofanana silitsimikizanso kuti za m'kati n'zofanana. Dziko la South Africa lidayamba kudula msonkho pa zakumwa za shuga mu Epulo 2018, pa galamu iliyonse yopyola magalamu 4 pa mamililita 100, ndipo makampani ambiri kumeneko adachepetsa shuga kuti alipire zochepa. Mexico idayamba msonkho wake mu 2014, Britain mu 2018. Choncho botolo lobwera ndi wachibale wochokera ku Joni likhoza kusiyana ndi la dzina lomwelo lopangidwa ku Chimoio kapena ku Lilongwe.

Kale matenda a shuga ankatchedwa a mabwana a m'tauni. Kafukufuku wa dziko lonse la Mozambique adapeza kuti mu 2005 anthu 2.9 pa 100 aliwonse a zaka 25 mpaka 64 adali ndi matendawa, koma pomafika 2014 ndi 2015 chiwerengerocho chidakwera kufika pa 7.4, ndipo ambiri mwa iwo sankadziwa n'komwe kuti akudwala. Si zakumwa zokha zimene zimabweretsa matendawa. Kumtundu, msinkhu, kunenepa ndi kukhala osagwira ntchito yotulutsa thukuta zonse zili ndi mbali yake, ndipo mlimi amene amaswera ndi khasu ku dimba sali pa chiopsezo chofanana ndi wamalonda amene amakhala pa mpando tsiku lonse firiji ili pambali pake. Komabe kumwa zotsekemera tsiku ndi tsiku kumaonjezera chiopsezocho, makamaka chifukwa shuga wa m'madzi sakhutitsa: munthu amamwa botolo lonse nadyanso nsima mitanda yomwe ija. Matendawa akagwira munthu wa kumudzi kwa Domwe amatanthauza maulendo osatha a ku chipatala, mwina mpaka ku Ulongwe, ndalama ya njinga yamoto, ndi masiku otayika m'nyengo yolima. Ludzu losatha, kukodza pafupipafupi, kuonda kosadziwika bwino ndi zilonda zochedwa kupola ndi zizindikiro zofunika kukayezetsa magazi.

Mano ndiwo sadikira ukalamba. Tizilombo ta m'kamwa timadya shuga n'kutulutsa asidi wobowola mano, ndipo mwana amene amayamwa firizesi kapena kumwa botolo pang'onopang'ono tsiku lonse amaononga mano kuposa amene wamwa kamodzi pa nthawi ya chakudya n'kutsuka m'kamwa.

Pali mwambo wina umene uyenera kuunikidwa bwino, wotengera wodwala Fanta pokamuzonda. Ndi chikondi, ndipo kwa wodwala wamkulu amene chakudya chikumukanika si tchimo. Koma kwa mwana wotsegula m'mimba botolo limenelo likhoza kuonjeza vuto. Madzi a mchere ndi shuga a ku chipatala, amene kuno amatchedwa SRO ndipo ku Malawi amadziwika kuti Thanzi, ali ndi magalamu 13.5 okha a shuga pa lita limodzi, pamodzi ndi mchere umene thupi lataya. Chakumwa cha m'botolo chili ndi magalamu pafupifupi 100 pa lita, mchere wake n'ngosakwanira, ndipo shuga wochuluka chotero amakokera madzi m'matumbo, mwana natsegula koposa. Pamene chakumwa cha shuga chimapulumutsadi moyo ndi pa munthu wodwala shuga amene wamwa mankhwala kapena kubaya jakisoni osadya, nayamba kunjenjemera ndi kutuluka thukuta: ameneyo theka la kapu limamudzutsa, bola akhale akutha kumeza.

Kuloza chala botolo lokha kungakhale kukondera. Tiyi wa masupuni anayi kawiri patsiku wafika kale pa masupuni 8. Sobo wosungunulidwa ndi dzanja lowolowa manja, madzi pang'ono kuti alendo aone ulemu, amatsekemera kuposa mmene malangizo a pa botolo akunenera. Madzi a zipatso a m'mapaketi, ngakhale olembedwa kuti 100 peresenti, WHO imawawerengera m'gulu lomwelo la shuga wofunika kuchepetsa, pomwe chipatso chodya chathunthu, pichesi, bango kapena gwafa, sichiwerengeredwa m'gululo. Ngakhale thobwa wa pa msika masiku ano amathiridwa shuga kuti ogula asadutse, ngakhale kuti chimera cha mawere chophikidwa bwino chimatsekemera pachokha, monga amayi akuluakulu a kuno ankachitira zaka zija shuga ankaoneka pa Khirisimasi pokha.