Ana amene anasewera Romeo ndi Juliet

Makolo anzanga, tangoyerekezani kuti mwana wanu wa zaka 15 wabwera kunyumba akudumphadumpha, ati amusankha kukasewera filimu yaikulu. Mungafunse chiyani musanavomere?

Ambiri tikuidziwa nkhani ya Romeo ndi Juliet, sewero la William Shakespeare la ana awiri okondana ochokera m'mabanja odana. M'sewerolo Juliet sanakwanitse n'komwe zaka 14. Koma mu filimu ya 1936 mbali yakeyo anasewera Norma Shearer, mayi wa zaka zoposa 30, ndipo Romeo anali Leslie Howard, bambo wopitirira zaka 40. Chikondi cha ana, osewera akuluakulu a msinkhu wa makolo awo!

Franco Zeffirelli wa ku Italy anati ayi, ana asewere ana. Atayesa achinyamata ambirimbiri anasankha Leonard Whiting, wa zaka 16, ndi Olivia Hussey, wa zaka 15, amene ankasewera kale pasiteji ku London. Filimuyo anaijambula ku Italy, inatuluka mu 1968 n'kupata mphoto ziwiri za Oscar, ya kajambulidwe ndi ya zovala. Kunena zoona, ndi yokoma. Ukamaonera umakhulupirira kuti awiriwa atayadi mutu, chifukwa manyazi ndi phuma zija si zongoyeserera ayi, ndi za msinkhu wawo.

Koma muli chigawo china cha kuchipinda chimene anawa anawajambula osavala. Mu 2018 Hussey ananena poyera kuti sankaona cholakwika pa chigawocho. Mu Disembala 2022, onse awiri ali ndi zaka zoposa 70, anasumira kampani ya Paramount ku Los Angeles. Iwo anati Zeffirelli anawalonjeza kuti adzavala zamkati, koma tsiku lojambula anasintha mawu n'kuwauza kuti akakana filimu yonse iwonongeka. Mwini wakeyo sakanatha kuyankhapo, anamwalira mu 2019. Mu 2023 khoti linathetsa mlanduwo, mwa zina chifukwa unabwera mochedwa.

Chimene chimandivuta ine si chigamulocho. Mwana amene gulu lonse likumudikira, makamera atatchera kale, angathe kuuza bwana kuti ayi? Ngakhale kuno kwathu, wanu akaitanidwa ku sewero kapena kukavina mu vidiyo ya nyimbo, funsani kuti akavala chiyani, zilembedwe papepala, ndipo tsiku lojambulalo inu kapena azakhali ake mukakhale pomwepo.

Olivia Hussey anamwalira mu Disembala 2024 ali ndi zaka 73. M'filimumo akadali kamtsikana.