Filimu imabadwira papepala

Ndikauza anthu kuti ntchito yanga ndi kulemba mafilimu, ambiri amafunsa kuti, "Kodi filimu amalemba? Si amangojambula?" Funsoli ndi lomveka. Wolowa mu vidiyo sho pa Msundwe kapena pa Nsaru amaona osewera, ndewu ndi magalimoto. Dzina la wolemba limadutsa mothamanga, anthu ali kalikiliki kufuna pokhala. Koma kamera isanayatsidwe, filimu yonse imakhala itaima kale papepala. Zolembazo timazitcha sikiriputi.

Sikiriputi timaigawa m'masini. Pamwamba pa sini iliyonse timatchula malo, kaya ndi m'nyumba kapena panja, usana kapena usiku. Kenako timalemba zimene diso lidzaone, n'kutsirizira ndi mawu a osewera. Tsamba limodzi limadya pafupifupi mphindi imodzi, ndiye filimu ya mphindi 90 imafuna masamba oyandikira 90.

Lamulo lalikulu ndi lakuti kamera siona za mumtima. Sindingalembe kuti "mayi akuda nkhawa ndi njala." Ndimalemba chonchi: ndi mwezi wa Januwale, mayi akupisa dzanja mpaka pansi pa nkhokwe, akutulutsa ngala ziwiri zofumbwa. Akucheukira ana amene akhala pakhonde, n'kubisa ngalazo m'chitenje. Sanayankhule kanthu, koma woonera wamva zonse. Apa ndi pamene mafilimu athu ambiri amapunthwa: osewera amangokhala pampando n'kumafotokozerana zimene tikanaona ndi maso.

Wolemba amalembanso akuganizira thumba. Mzere umodzi wakuti "maliro a mfumu" ukutanthauza khamu la anthu ofunika kuwanyamula ndi kuwadyetsa tsiku lojambula.

Kuno kwathu amene wationetsa mphamvu ya cholembera ndi a Charles Shemu Joyah. Ntchito imene anaphunzira ndi yoyeza malo, koma amalemba okha mafilimu amene amajambula. Mu Seasons of a Life analemba za mtsikana wantchito wopatsidwa mimba ndi bwana wake; pambuyo pake mtsikanayo aphunzira zamalamulo n'kukamenyera mwana wake kukhoti. The Last Fishing Boat ya 2012 ikukamba za msodzi wa kunyanja amene moyo wamusinthira, nsomba zikuchepa, alendo odzaona malo akuchuluka. The Road to Sunrise ya 2017, yonena za amayi oyendayenda mu Blantyre, inapambana mphotho ya filimu yabwino kum'mwera kwa Africa pa Africa Magic Viewers' Choice Awards mu 2018. Nkhani zonsezi anazitola pakhomo pathu pomwepa.

Ku Japan kunali wolemba mafilimu Shinobu Hashimoto, wobadwa mu 1918. Atalowa usilikali anadwala TB, ndipo anayamba kulemba ali gone kuchipatala. Zolemba zake anazitumiza kwa katswiri wa mafilimu Mansaku Itami, yemwe anasanduka mphunzitsi wake. Limodzi ndi wojambula mafilimu Akira Kurosawa, Hashimoto analemba Rashomon ya 1950, m'mene anthu anayi akufotokoza imfa ya munthu mmodzi, aliyense mwakemwake, monga zimakhalira pabwalo la milandu kwa amfumu. Filimuyi inatenga mphotho yaikulu ku Venice mu 1951. Mu 1954 kunatuluka Seven Samurai, yomwe analemba ndi Kurosawa ndi Hideo Oguni: alimi osauka, atatopa ndi achifwamba owalanda zokolola, apempha ankhondo kuti awateteze, malipiro ake n'chakudya basi. Mlimi aliyense wa ku Kabudula amene anagonapo pachigafa kulondera fodya angaimve nkhaniyi popanda womasulira. Hashimoto anamwalira mu 2018 ali ndi zaka 100.

Amuna awiriwa, a Joyah ndi Hashimoto, akundiphunzitsa chinthu chimodzi: filimu yabwino siyambira pa kamera yodula, imayambira pa munthu amene akufuna chinthu ndi mtima wonse, china chake chikumutsekereza.

Inu achinyamata a ku Namitete, Mpingu ndi Nambuma amene mukujambula masewero pafoni, ndikukupemphani: musathamangire kujambula. Gulani kope, mulembe sini yoyamba, muiwerenge mokweza pamaso pa anzanu, mufufute mawu onse amene diso lingathe kunena lokha, kenako mulembenso. Nkhani zilipo zambiri kumsika, kudimba ndi kuchigayo. Chosowa ndi anthu ozilemba mwaluso.