Khamba, Old Yeller ndi galu wa pakhomo panu

Ambiri amene anaonera filimu ya The Boy Who Harnessed the Wind, ya chaka cha 2019, amakumbukira makina oyendera mphepo amene William Kamkwamba anapanga kwawo ku Wimbe, ku Kasungu. Ine chimene sichichoka m'maganizo mwanga ndi galu wake, Khamba. Ankamutsata paliponse. Njala itafika pachimake, banja likudya kamodzi patsiku, panalibe chotsala cha galu, ndipo Khamba anafa.

Pa kanema timamumvera chisoni. Koma tayendani m'mawa pamsika wa pa Rumphi Boma muone agalu, ntchewe monga tinenera kuno, nthiti zili poyera, akufunkha m'zinyalala. Ambiri ali ndi eni ake, ndipo si chaka cha njala. Usiku tifuna atilondere fodya m'chigafa ndi nkhuku m'khola, kukacha tiwaponya mwala. Chikhalirecho Miyambo 12:10 imaika kusamala chiweto pakati pa zizindikiro za munthu wolungama.

Filimu ina yakale ya ku America, Old Yeller, ya 1957, imafika pamene pali poopsa penipeni. Galu ateteza banja kwa mmbulu wachiwewe, alumidwa, nayenso adwala, ndipo mnyamata amene ankamukonda koposa ndiye amuwombera ndi mfuti. Nkhaniyo inachitikira nthawi imene katemera kunalibe. Ife tili naye.

Pafupifupi anthu onse odwala chiwewe amachitenga kwa agalu, ndipo ambiri ndi ana, poti ndiwo amasewera nawo. Mwana amabisanso kabala kakang'ono kuopa kukalipiridwa. Zizindikiro zikangoyamba, monga kuopa madzi ndi kubalalika mutu, kuchira kulibe.

Choncho mwana akalumidwa kapena kukandidwa, tsukani balalo ndi sopo ndi madzi ambiri kwa mphindi 15. Musapake mankhwala azitsamba, musadikire kuona ngati galuyo apenga. Pitani naye ku chipatala cha boma cha Rumphi tsiku lomwelo, ngakhale litakhala Sabata, ndipo akamalize majekeseni onse amene adzamulembere.

Galu naye abayitsidwe katemera chaka chilichonse. Funsani alangizi a ziweto tsiku limene adzabaye m'dera lanu, makamaka chakumapeto kwa September, poti pa 28 dziko lonse limakumbukira matendawa. Pobwera kumeneko, muikireni madzi pamthunzi ndi mbale yakeyake.