Mlangizi wa za Nkhalango Amene Anapatsa Godzilla Mawu

Ambiri mwa ife tikaonera kanema timakumbukira nkhope za ochita sewero, koma dzina la munthu amene anapeka nyimbo zake sitilisamala. Lero ndikufuna ndikuuzeni, owerenga anzanga, za bambo wina wa ku Japan dzina lake Akira Ifukube.

Ifukube anabadwa pa 31 Meyi 1914 mu tauni ya Kushiro pa chilumba cha Hokkaido, kumpoto kozizira kwa dzikolo. Ali mwana, banja lake linasamukira ku Otofuke komwe bambo ake anali mkulu woyang'anira mudzi. Kumeneko ankakhala moyandikana ndi mtundu wa anthu otchedwa Ainu, omwe Ajapani ambiri ankawanyoza. Mnyamatayu sanawanyoze. Ankapita kukaonerera magule awo ndi kumvetsera nyimbo zawo zobwerezabwereza kachigawo kamodzi, uku mapazi akugunda pansi. Kugunda kumeneku kunamulowa m'magazi moyo wake wonse.

Chodabwitsa n'chakuti sanapite ku sukulu ya zoimbaimba. Pa yunivesite ya ku Sapporo anaphunzira za nkhalango, ndipo kupeka nyimbo anadziphunzitsa yekha usiku pogwiritsa ntchito mabuku ndi malekodi. M'chaka cha 1935, ali ndi zaka 21, nyimbo yake yotchedwa Japanese Rhapsody inapambana mpikisano umene unachitikira ku Paris. Koma mphothoyo sinamuchotse m'nkhalango. Anapitiriza ntchito yake yoyang'anira mitengo ku Akkeshi.

Pa nthawi ya nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, anapatsidwa ntchito yofufuza kulimba kwa matabwa. Ntchitoyi inkafuna makina a X-ray, ndipo chifukwa chosowa zovala zodzitetezera, cheza cha makinawo chinamudwalitsa kwambiri. Ntchito ya nkhalango inathera pomwepo. Mu 1946 anayamba kuphunzitsa nyimbo ku Tokyo, ndipo chaka chotsatira anapeka nyimbo za kanema wake woyamba, Snow Trail.

Tsopano tifike pa nkhani imene inamutchukitsa. Mu 1954 kampani ya Toho inkakonza kanema wa Godzilla, chilombo chachikulu chimene chinadzutsidwa m'nyanja ndi mabomba a nyukiliya. Nkhaniyi sinali yoseketsa kwa Ajapani. Mizinda ya Hiroshima ndi Nagasaki inali itaphulitsidwa mu 1945, ndipo m'mwezi wa Malichi 1954 asodzi a ku Japan anadwala ndi phulusa la bomba limene Amereka anayesera ku Bikini. Ifukube, amene thupi lake linali litalawa kale ululu wa cheza chotere, anadziwa bwino chimene chilombocho chinkaimira.

Vuto linali mawu a chilombocho. Anayesa kujambula kulira kwa nyama zosiyanasiyana koma sizinawopse aliyense. Ifukube ndiye anabwera ndi nzeru. Anatenga chida chachikulu cha zingwe chotchedwa double bass, chomwe tingachiyerekeze ndi kaligo wamtali ngati munthu. Anamasula zingwe zake, n'kuzikhula ndi golovesi yachikopa yopakidwa utomoni, kenaka anachepetsa liwiro la tepi imene anajambulapo. Phokoso limene linatuluka ndi lija lodziwika padziko lonse. Kunena zoona, ine ndimaona kuti munthu amene anakhala zaka zambiri akumvetsera mmene matabwa amanjenjemerera ndi yekhayo akanaganiza zotere.

Nyimbo yaikulu ya kanemayu ndi yosavuta: timawu tochepa totsika pansi, tobwerezedwa mwamphamvu ngati mapazi a ovina. Wina akhoza kunena kuti n'zachibwana, koma yesani kuiiwala mutaimva kamodzi!

Tisaganize kuti anali munthu wa zilombo zokha. Anapeka nyimbo za makanema oposa 250, kuphatikizapo Children of Hiroshima wa 1952 ndi The Burmese Harp wa 1956, onse onena za chisoni cha nkhondo. Mu 1954 momwemo analemba Sinfonia Tapkaara, dzina lochokera ku gule wa anthu a Ainu aja. Analembanso buku lalikulu lophunzitsa kagwiritsidwe ntchito ka zida zoimbira, ndipo kuyambira 1976 anali mkulu wa Tokyo College of Music.

Kanema wake womaliza wa Godzilla anatuluka mu 1995, ndipo m'kanemayo chilombocho chimafa. Ifukube ndiye anapeka nyimbo ya maliro ake, ali ndi zaka 81. Iye anamwalira ku Tokyo pa 8 Febuluwale 2006.